LIU LA CHINGEREZI LOTI "TYPE": GWERO LAKE, MATANTHAUZO AKE NDI KAGWIRITSIDWE KAKE

Zimachitika kawirikawiri m'makalasi apamwamba a sukulu ya pulaimale kuti mphunzitsi alemba pa bolodi funso la Chingerezi lakuti, "Name three types of soil," ndipo mwana wina, amene pa maphunziro ena ali wochangamuka ndithu, angokhala chete cholembera chili m'manja. Liu loti "soil" alidziwa kuti ndilo dothi, ndipo "three" alidziwanso. Chomutsekereza ndi liu loti "types." Iye analimva liuli kwa amalume ake amene ali kalaliki ku boma, ndipo m'mutu mwake "type" ndi ntchito yogogoda makina olembera makalata. Tsono adabwa kuti dothi ndi makina zikumana pati. Mwanayo sanalakwe kwenikweni, pakuti tanthauzo limene alidziwalo lilipodi. Vuto ndi lakuti palibe amene anamuuza kuti liu limodzi la Chingerezi likhoza kusenza akatundu ambiri. Mphunzitsi amene iye mwini sawadziwa akatunduwo sangathe kumuthandiza, ndipo mwana wotere akhoza kutaya malikisi pa mayeso chifukwa cha liu la zilembo zinai zokha.

Matanthauzo a liuli sanaunjikane mwangozi iai. Lililonse linabadwa kuchokera mwa linzake, monga mphukira zituluka pa chitsa chimodzi, ndipo amene adziwa chitsacho savutika kuzindikira mphukira zake.

1. GWERO LA LIULI

Angerezi sanalipange okha liuli. Linachokera kwa Agriki akale, amene anali ndi mneni "typtein," ndiko kuti kumenya, ndi dzina "typos," ndiko kuti chizindikiro chimene chitsala pamene chinthu chamenyedwa. Mmisiri akamenya chidindo ndi nyundo pa kachitsulo, chithunzi chotsala pa kachitsulopo chinali "typos." Olemba Chipangano Chatsopano, amene analemba m'Chigriki, analigwiritsa ntchito liuli, ndipo pa Yohane 20:25 ndilo limene likuimira zipsera za misomali m'manja. M'Chichewa ganizo limeneli si lachilendo. Mlenje akaona mapazi a nyama pa matope adziwa nyama imene yadutsa ngakhale sanaione, chifukwa phazi lasiya maonekedwe ake pamene linaponda.

Kuchokera pamenepa tanthauzo linayenda phazi limodzi. Chidindo chimodzi chikadinda ndalama zambirimbiri, ndalama zonsezo zifanana, ndipo chidindocho chikhala chitsanzo cha zonse. Motero "typos" linayamba kutanthauzanso chifaniziro, kapena chitsanzo chimene zina zitsata. Aroma analitenga liuli nalisandutsa "typus" m'Chilatini, ndipo chakumapeto kwa zaka za m'ma 1400 linalowa m'Chingerezi. Pa nthawi imeneyo linali liu la anthu ophunzira za chipembedzo, lotanthauza munthu kapena chinthu cha kale chimene chili chifaniziro cha china chodzaoneka m'tsogolo, monga mmene Paulo analigwiritsira ntchito pa Aroma 5:14 ponena za Adamu. Tanthauzo limeneli lero lipezeka m'mabuku a abusa okha, koma ndilo loyamba m'Chingerezi.

2. "TYPE" WA OSINDIKIZA MABUKU

Cha m'ma 1450, mu mzinda wa Mainz ku Germany, Johannes Gutenberg anayamba kusindikiza mabuku ndi tizitsulo tating'onoting'ono, kalikonse kokhala ndi chilembo chimodzi pamutu pake. Sanali woyamba pa dziko lonse, pakuti ku China munthu wina dzina lake Bi Sheng anaumba zilembo zotere ndi dongo cha m'ma 1040, ndipo ku Korea buku linasindikizidwa ndi zilembo zachitsulo mu 1377. Koma njira ya Gutenberg ndiyo inafalikira ku Ulaya konse. Tizitsuloto tinali kusungunulidwa kuchokera ku mtovu wosakaniza ndi zitsulo zina, ndipo chilembo chinali kukhala chotembenuka, monga chionekera pa kalilole, kuti chikapakidwa inki ndi kukanikizidwa pa pepala chituluke cholunjika. Pofika kuchiyambi kwa zaka za m'ma 1700 Angerezi anali kutchula tizitsulo timeneti kuti "type." Dzinali linawayenera, popeza ntchito ya kachitsulo kalikonse inali kumenya pepala ndi kusiyapo chizindikiro.

Pa tanthauzo ili "type" kawirikawiri sawerengedwa kamodzikamodzi, koma atchulidwa monga mmene atchulidwira ufa kapena mchenga. Mngerezi akati "The book is in large type" atanthauza kuti bukulo lili ndi zilembo zikuluzikulu, monga mabuku a ana oyamba kuwerenga. Wosanja zilembozo ndiye "typesetter," maonekedwe a zilembo za banja limodzi ndiwo "typeface," ndipo luso lonse lokonza tsamba losindikizidwa ndilo "typography." Wosanja zilembo anali nazo m'mabokosi awiri: zazikulu m'bokosi lapamwamba, zazing'ono m'bokosi lapansi limene linali pafupi ndi manja ake. Ichi ndicho chifukwa chake mpaka lero zilembo zazikulu zitchedwa "upper case" ndipo zazing'ono "lower case," ngakhale mabokosiwo anasowa kalekale m'nyumba zambiri zosindikizira.

3. "TYPE" WOTANTHAUZA MTUNDU

Tanthauzo limene linasokoneza mwana uja ndilo lachitatu, ndipo ndilo lipezeka koposa onse m'mabuku a sukulu. Linakhazikika m'zaka za m'ma 1800, pamene akatswiri a zomera, a nyama ndi a miyala anali kalikiliki kugawa zolengedwa m'magulumagulu. Iwo anali kusankha chinthu chimodzi kuti chikhale chitsanzo cha gulu lonse, nachitcha "type" wa gululo. Pang'ono ndi pang'ono liuli linachoka pa chitsanzocho ndi kukhala dzina la gulu lenilenilo. Motero "three types of soil" ndiyo mitundu itatu ya dothi, monga katondo, mchenga ndi makande.

Liu la Chichewa loyankha bwino pamenepa ndilo "mtundu," koma mphunzitsi achenjere, pakuti mau awiriwa salingana ponseponse. "Mtundu" likhoza kutanthauza fuko la anthu, likhozanso kutanthauza maonekedwe a nsalu, kaya yofiira kaya yobiriwira. "Type" satanthauza zimenezi. Mwana amene aphunzira kuti "type" ndi "mtundu" basi adzalemba tsiku lina kuti "What type is your shirt?" pofuna kufunsa ngati malayawo ali oyera kapena akuda, ndipo Mngerezi sadzamumva.

Kuchokera ku tanthauzo limeneli kunatuluka mfotokozi "typical," wonena za chinthu chimene chionetsa bwino makhalidwe a gulu lake. Kunatulukanso kanenedwe kakuti "He is not the type to steal," ndiko kuti iye si munthu wa khalidwe lakuba. Ndipo kuchipatala, chiyambire pamene Karl Landsteiner anapeza mu 1901 kuti magazi a anthu ali m'magulu osiyana, pali mau oti "blood type," ndipo "to type blood" ndiko kuyeza magazi kuti gulu lake lidziwike. Apa pali mneni "type" wosakhudzana konse ndi makina olembera.

4. MAKINA AMENE ANABALA MNENI WATSOPANO

Anthu ambiri anayesa kupanga makina olembera. Mu 1714 Mngerezi wina, Henry Mill, analandira chikalata cha boma chomuteteza pa makina otere. Koma makina amene anabala mbumba yaikulu anapangidwa ku Milwaukee, m'dziko la America, ndi Christopher Latham Sholes, amene anali munthu wa nyuzipepala ndi wosindikiza, pamodzi ndi anzake Carlos Glidden ndi Samuel Soule. Iwo analandira chikalata chawo pa 23 June 1868. Mu 1873 kampani ya E. Remington and Sons ya ku Ilion, New York, imene inali kupanga mfuti ndi makina osokera, inavomera kuwapanga, ndipo mu 1874 anayamba kugulitsidwa pa mtengo wa madola 125. Makina oyambawo anali kufanana ndi osokera, okongoletsedwa ndi maluwa ojambula, ndipo ena anali ndi chopondera cha phazi chobwezera pepala kuchiyambi kwa mzere. Anali kulemba zilembo zazikulu zokhazokha, ndipo wolembayo sanali kuona zimene alemba, chifukwa zilembo zinali kumenya pepala chapansi. Mlembi wotchuka Mark Twain anali mmodzi wa oyamba kugula makinawa.

Dzina la makinawo linali "Type-Writer," ndiko kuti cholemba ndi "type," pakuti kunsonga kwa kamkono kalikonse kachitsulo kunali chilembo chofanana ndi cha osindikiza. Munthu akagogoda batani ndi chala, kamkonoko kanyamuka, kamenya nsalu yonyowa ndi inki, ndipo chilembo chitsala pa pepala. Pamenepa liuli linabwerera kwawo kwenikweni, pakuti patapita zaka zoposa 2,000 linatanthauzanso kumenya ndi kusiya chizindikiro, monga kwa Agriki aja.

Chinthu chatsopano chikafika, anthu ayamba apunthwa asanapeze mau okhazikika. Poyamba liu loti "typewriter" linali kutanthauza zinthu ziwiri, makinawo ndiponso munthu wowagwiritsa ntchito. Mu 1881 bungwe la Young Women's Christian Association la ku New York linayamba kuphunzitsa atsikana 8 ntchito imeneyi, ndipo posapita nthawi akazi ambiri analowa m'maofesi, mmene kale munali pafupifupi amuna okhaokha. Tsono bwana akanena kuti wapeza "typewriter" watsopano, womva sanali kudziwa ngati wagula makina kapena walemba ntchito mtsikana, ndipo nthabwala zambiri zinabadwa pa chisokonezo chimenechi. Chinatha pamene liu loti "typist" linatenga malo a munthuyo, ndipo "typewriter" linatsalira makina okha.

Mneni nayenso anavuta. Ena anali kunena "to typewrite," podula mchira wa dzina la makinawo. Koma liuli linali lolemera pakamwa, ndipo chakumapeto kwa zaka za m'ma 1880 mneni waufupi "to type" anayamba kuoneka m'zolembedwa, napambana. Lero "to typewrite" samvekanso m'kamwa mwa anthu, koma anasiya mwana mmodzi wamoyo, ndiye mfotokozi "typewritten," monga m'mau oti "a typewritten letter."

5. KAGWIRITSIDWE KA MNENI "TO TYPE"

Mneniyu ndi wosavuta kusintha: "type, typed, typing." Pophatikiza "ing" chilembo "e" chigwa, monga chichitira pa "write" ndi "writing." Akhoza kukhala wosayambukira, monga "She types well," pamene anena za luso la munthu, ndipo akhoza kukhala woyambukira, monga "She typed the letter," pamene pali pamtherankhani. Chinthu cholemberacho chitsogozedwa ndi "on," osati "with": anena kuti "He typed it on an old machine," koma "He typed it with two fingers."

Chovuta chachikulu kwa ana ndi timau tating'ono timene Angerezi aika pambuyo pa mneni, pakuti kalikonse kasintha tanthauzo pang'ono. "To type up" ndiko kutenga zolembedwa pamanja, monga mfundo za msonkhano, ndi kuzikonza bwino pa makina. "To type out" ndiko kulemba chinthu chonse osadumpha kanthu. "To type in" ndiko kulowetsa mau kapena manambala m'kompyuta, monga dzina la munthu pa malo ofunsidwa. "To retype" ndiko kubwereza ntchitoyo, ndipo "to mistype" ndiko kugogoda chilembo cholakwika. Cholakwa chotere m'kalankhulidwe wamba chitchedwa "typo," liu lodulidwa kuchokera ku "typographical error," koma m'kalata yaulemu nkoyenera kulemba "typing error."

Pali mau enanso a m'banja lomweli amene mphunzitsi adzakumana nawo. "Typescript" ndi nkhani yolembedwa pa makina imene sinasindikizidwe, ndipo isiyana ndi "manuscript," limene gwero lake la Chilatini litanthauza cholembedwa ndi dzanja. "Typing pool" chinali chipinda cha m'maofesi aakulu mmene otaipa ambiri anali kukhala pamodzi kulandira ntchito ya mabwana osiyanasiyana. "Touch typing" ndiko kulemba ndi zala zonse osayang'ana mabatani. Njira imeneyi inatchuka pa 25 July 1888 ku Cincinnati, pamene Frank McGurrin, mlembi wa bwalo la milandu wa ku Salt Lake City, anapambana Louis Traub pa mpikisano wa liwiro. Wolemba ndi zala ziwiri, maso ali pa mabatani, Angerezi amuseka ndi mau oti "hunt and peck," pomufanizira ndi nkhuku yofunafuna chakudya ndi kujompha. Liwiro la wotaipa liyezedwa ndi "words per minute," ndipo pa kawerengedwe kameneka kugogoda kusanu kulikonse kuwerengedwa ngati liu limodzi, kaya mau enieniwo ali aatali kaya aafupi.

6. MAKINA ANAPITA, MAU ANATSALA

Makina olembera anakhala mfumu ya m'maofesi kwa zaka pafupifupi 100. Mu 1961 kampani ya IBM inatulutsa makina amagetsi otchedwa Selectric, amene m'malo mwa timikono anali ndi kampira kozungulira kokhala ndi zilembo zonse. Koma kuyambira zaka za m'ma 1980 kompyuta inayamba kuwalanda malo. Mu November 2012 kampani ya Brother inapanga makina ake otsiriza a ku Britain pa fakitale ya ku Wrexham, niwapereka ku Science Museum ku London.

Chodabwitsa ndi chakuti mneni "to type" sanafe pamodzi ndi makinawo. Lero munthu wolemba uthenga pa foni ya m'manja ndi zala zazikulu ziwiri anenedwa kuti "he is typing," ngakhale palibe chitsulo chimenya pepala, palibe inki, palibenso pepala. Mau enanso anatsala. Mzere woyamba wa zilembo pa kompyuta uyambabe ndi Q, W, E, R, T, Y, monga pa makina a Remington. Batani lotchedwa "Shift," ndiko kuti suntha, linayamba pa makina a Remington achiwiri mu 1878, pamene linali kusunthadi mbali ina ya makina kuti chilembo chachikulu chimenye m'malo mwa chaching'ono. Lero silisuntha kanthu, koma dzina lilipobe. Zilembo "cc" pa kalata ya pa intaneti zikumbutsa "carbon copy," ndiyo kalata yachiwiri imene inali kutuluka pansi pa pepala lakuda la kaboni. Chimodzimodzinso "stereotype" poyamba chinali chitsulo chimodzi chosungunulidwa cha tsamba lathunthu, chimene Firmin Didot wa ku France anachitchukitsa cha m'ma 1790. Chiyambire pamene Walter Lippmann analigwiritsa ntchito liuli m'buku lake la mu 1922, lakhala likutanthauza chithunzi chouma chimene anthu ali nacho m'mutu chokhudza anthu a gulu lina, ngati kuti onse anadindidwa ndi chidindo chimodzi. Phunziro lake ndi lakuti liu likhoza kukhala ndi moyo wautali kuposa chinthu chimene chinalibala.

7. MLENDOYU M'CHICHEWA

Makina olembera anafika m'maiko olankhula Chichewa kudzera m'maofesi a boma, m'mamishoni ndi m'makampani a malonda, ndipo kwa zaka zambiri luso lowagwiritsa ntchito linali khomo lolowera ukalaliki. Chiyankhulo chinali kale ndi aneni atatu oyandikira: "kulemba," "kudinda" ndi "kusindikiza." Koma "kulemba" sikusiyanitsa dzanja ndi makina, "kudinda" ndi ntchito ya chidindo, ndipo "kusindikiza" ndi ntchito ya opanga mabuku. Kalaliki amene bwana wake anali kufuna kalata ya pa makina, osati ya pamanja, anasowa liu lolunjika. Motero anthu anabwereka mneni wa Chingerezi namuveka zovala za Chichewa: anaika "ku" patsogolo ndi "a" kumapeto, monga anachitira ndi "kusaina" ndi "kupenta," ndipo kunatuluka "kutaipa," kumene ena alemba kuti "kutayipa."

Umboni wakuti mlendoyu anakhala mbadwa ndi wakuti alandira misintho ya aneni monga mneni wina aliyense. Anthu anena kuti "kalata yataipidwa," pa msintho wochitidwa. "Nditaipireni kalatayi," pa msintho womchitira. "Ndikukataipitsa mayeso," pa msintho wochititsa. Atsatanso lamulo la kugwirizana kwa malembo a liu. Popeza lembo la liu lotsiriza m'tsinde lake ndi "i," misintho yake ikhala ndi "i," monga "kulima" kubala "kulimira" ndi "kulimitsa." Koma "kupenta," kumene tsinde lake lili ndi "e," kubala "kupentera" ndi "kupentetsa," monga "kulemba" kubala "kulembera" ndi "kulembetsa." Palibe amene anakhala pansi kuphunzitsa mau obwerekawa lamulo limeneli. Makutu a eni chiyankhulo ndiwo anawaweruza, ndipo ichi ndi chitsanzo chabwino chosonyezera ana kuti malamulo a chiyankhulo akhala m'kamwa mwa anthu asanalembedwe m'buku.

Nkofunika kuzindikira kuti Chichewa chinabwereka tanthauzo limodzi lokha. Palibe amene anena "mataipi atatu a dothi" m'Chichewa chabwino, chifukwa liu loti "mitundu" linalipo kale ndipo likwanira. Chiyankhulo chinatenga chimene chinali kusowa, nichisiya zotsalazo. Apa ndi pamene pali gwero la vuto la mwana uja: iye anabwerera ku Chingerezi atanyamula tanthauzo limodzi limene Chichewa chinamupatsa, nayesa kuti ndilo lokhalo.

Ziyankhulo zina zinayenda njira yosiyana, koma zambiri zinakumana pa ganizo lomwe lija la kumenya. Afalansa anena "taper à la machine," ndipo Apwitikizi, amene chiyankhulo chawo ndicho cha boma ndi cha sukulu kwa anthu olankhula Chinyanja ku Tete ndi ku Niassa, anena "bater à máquina." Aneni awiri onsewa atanthauza kumenya. Aswahili nawonso agwiritsa ntchito "kupiga," ndiko kumenya, m'mau oti "kupiga chapa."

Makinawo anapangidwira Chingerezi, ndipo ichi chinali ndi zotsatira zake pa kalembedwe ka Chichewa. Anali ndi zilembo Q ndi X, zimene mau a Chichewa sazifuna, koma analibe chilembo ŵ chokhala ndi kadenga pamwamba. Wotaipa wosamala anali kuonjezera kadengako ndi cholembera atatha ntchito, ndipo wofulumira anali kungokasiya. Ofunikanso kusamala ndi kachizindikiro ka m'mwamba kamene kasiyanitsa "ng'oma" ndi "ngoma," pakuti kakasowa, chida choimbira chisanduka nyama ya m'tchire.

8. MISAMPHA NDI MALANGIZO KWA MPHUNZITSI

Msampha woyamba uli pa katchulidwe. Pafupifupi phatikizo lililonse la Chichewa litha ndi lembo la liu, choncho mwana afuna kunena "taipi." M'Chingerezi "e" wotsirizayo samveka, ndipo liu lithera pa "p," milomo itatsekeka. Mu "typed" mapeto amveka ngati "pt," popanda lembo la liu pakati. Mu "typist" chilembo "y" chimveka ngati "ai," koma mu "typical" chimveka ngati "i" wamfupi. Ana ambiri asokonezanso "type" ndi "tape," ndipo nkothandiza kuwatchulitsa mau awiriwa motsatizana kufikira makutu awo atamva kusiyana kwake.

Msampha wachiwiri uli pa kalembedwe. Mwana akasiya "p" mu "typing" alemba "tying," ndiko kumanga ndi chingwe. Pochulukitsa, mau onse ayenera kuyendera limodzi: "this type of house," koma "these types of houses."

Msampha wachitatu ndi mau ooneka ngati achibale pamene sali. "Typhoid" ndi "typhus," maina a matenda, achokera ku liu lina la Chigriki lotanthauza utsi kapena chizimbwizimbwi cha wodwala malungo aakulu, ndipo "typhoon" ndi namondwe wa kunyanja za kum'mawa kwa Asia. Alibe ubale ndi "type." Koma "prototype," ndiko kuti chitsanzo choyamba cha chinthu chopangidwa, ndi mbale wake weniweni.

Msampha wachinai ndi umene ungapweteke mwana atachoka kale pa sukulu. Pa mafomu ambiri ofunsira ntchito kapena malo a maphunziro pamalembedwa kuti "Type or print." Apa "print" satanthauza kupita ndi fomuyo kwa osindikiza. Atanthauza kulemba ndi dzanja, koma chilembo chilichonse pachokha, chosalumikizana ndi chinzake. Wosadziwa izi akhoza kutaya ndalama ndi nthawi pachabe, kapena kulemba molumikiza mosawerengeka, ndipo fomu yake ikankhiridwa pambali. Akale anati safunsa anadya phula, koma mwana sangafunse chimene sadziwa kuti chili ndi msampha, ndipo ndi udindo wa mphunzitsi kumuonetsa msamphawo asanaugwere.

Pophunzitsa liuli, mphunzitsi ayambe ndi chimene ana achidziwa. Awafunse tanthauzo la "kutaipa," ndipo alilandire monga liu la Chichewa loyenera, osalinyoza ngati Chingerezi chothyoka. Kenaka atenge mbatata, aidule pakati, asemepo chilembo chotembenuka, achipake inki, ndi kudinda pa mapepala angapo. Ana aona ndi maso awo kumenya, aona chizindikiro chotsala, aonanso kuti zodindidwa zonse zifanana ndipo zili za mtundu umodzi. Mbatata imodziyo yaonetsa matanthauzo onse atatu, ndi mmene alumikizirana. Atatero alembe pa bolodi ziganizo zitatu, china cha mtundu, china cha zilembo za m'buku, china cha makina, ndipo ana anene m'Chichewa tanthauzo la "type" m'chiganizo chilichonse. Awaphunzitse kuyang'ana mau oyandikana nalo: "type" akatsatidwa ndi "of," pafupifupi nthawi zonse atanthauza mtundu, ndipo akakhala ndi mwininkhani patsogolo ndi kalata pambuyo, ndiye mneni wa makina.

Njira imeneyi siithera pa liu limodzi. Chichewa chili ndi mau ambiri obwereka ku Chingerezi, ndipo pafupifupi lililonse linabwera ndi tanthauzo limodzi, nilisiya ena kwawo. "Buku," "bolodi" ndi "kalasi" onse ali ndi abale m'Chingerezi amene anyamula zambiri kuposa zimene Chichewa chinatenga. Mwana amene waphunzira pa liu loti "type" kuti ayenera kufunsa tanthauzo limene likugwira ntchito m'chiganizo chimene chili pamaso pake adzachita chimodzimodzi akakumana ndi "book," "board" ndi "class," ndipo pa tsiku la mayeso adzalemba mitundu itatu ya dothi ija mosadodoma.